Mmene mungamangire pulaneti la bowa woganiza m'nkhani yanu

Kwa zaka zitatu tsopano ndakhala ndikumanga dziko limene kulibe. Lili m'makope anayi ndi m'kompyuta, ndipo ndinalitcha Chisisira chifukwa dzuwa lake silituluka komanso sililowa. Eni ake ndi bowa woganiza, ndimawatcha Aluki. Anzanga angapo olemba nkhani zopeka za sayansi akhala akundifunsa kuti ndinayambira pati, ndiye ndati ndilembe njira yonse mmene ndinaiyendera, pamodzi ndi pamene ndinapunthwa.

Aluki anga oyamba anali ndi miyendo iwiri, maso awiri ndi chisoti chachikulu kumutu. Ankayenda, ankakangana, anali ndi mfumu yawo. Mnzanga wina amene amawerenga zolemba zanga wina aliyense asanazione anapirira masamba 40, kenako anandibwezera n'kunena kuti awa ndi anthu ovala zipewa. Zinandiwawa, pakuti ndinali nditathera miyezi pa masamba amenewo, koma ankanena zoona. Ndinayamba ndi nkhope, pamene bowa alibe nkhope. Zonse zimene ndilembe m'munsimu zikuchokera pa phunziro limodzi limeneli: nzeru za chamoyo zimamera kuchokera m'thupi lake. Mukalidziwa thupilo, maganizo ake, chilankhulo chake ndi nkhondo zake zimabwera zokha.

Musanalembe liwu lililonse, lerani bowa

Pezani botolo lagalasi la kukamwa kwakukulu. Ikanimo zidutswa za katoni zonyowa, zofinyidwa kuti zisamadonthe. Kenako funani chipika chowola, muchitembenuze, ndipo pansi pake mudzapeza timaulusi toyera tokanirira ku mtengowo. Benthulani kachidutswa kokhala ndi timaulusito, muike m'botolo, mutseke mosathinitsa kuti mpweya uzilowa, n'kuika pamalo amdima. Musamanunkhize m'botolomo, ndipo chilichonse chimene chingamere musachilawe. M'mawa uliwonse tengani cholembera, mujambule pagalasipo pamene ulusi wafika.

Ine ndinachita zimenezi kwa milungu isanu ndi umodzi, ndipo botolo limenelo linandiphunzitsa kuposa mabuku. Masiku oyamba panalibe kanthu. Kenako ulusi unayamba kutambasuka mbali zonse ngati zala zofufuza mumdima, wopyapyala kuposa tsitsi. Nditaponyamo kachidutswa kena ka mtengo kumbali imodzi, patapita masiku ulusiwo unakafika, ndipo zimene zinatsatira sindidzaziiwala: timaulusi tolowera kumeneko tinalukana n'kukhala chingwe chonenepa choti n'kuchiona bwinobwino, pamene tambali zina tinayamba kuonda ndi kuzilala. Palibe chinayenda, koma chamoyo chonse chinali chitasamuka. Mizere yanga ya pagalasi inasonyeza poyera kuti chinasankha kopita.

Apa ndi poyambira. Chimene timachitcha bowa, cha phesi ndi chisoti chija, ndi chipatso chabe, chimamera masiku ochepa kuti chifalitse timbewu. Thupi lenileni ndi ukonde wa ulusi umene asayansi amautcha mycelium. Lilibe kamwa kapena mimba. Limatulutsira kunja madzi osungunula chakudya, kenako n'kuyamwa zosungunukazo, choncho limakhala m'kati mwa chakudya chake. Makoma a maselo ake ndi a chitin, chinthu chomwecho chimene chimalimbitsa zikamba za tizilombo, ndipo pa chibale bowa ali pafupi ndi nyama kusiyana ndi zomera. Za kukula, m'nkhalango ya Malheur ku Oregon, m'dziko la America, muli bowa mmodzi wa mtundu wa Armillaria ostoyae amene wayala ulusi wake pa mahekitala oposa 900, ndipo akuti ali ndi zaka zosachepera 2,000. Mluki wanu mmodzi angakhale wamkulu ngati chigwa chonse osaphwanya lamulo lililonse la chilengedwe.

Apatseni chakudya, ndipo pulaneti lidzadzijambula lokha

Bowa sapanga chakudya kuchokera ku dzuwa. Amadya zimene ena apanga, zamoyo kapena zakufa. Ndiye pulaneti la bowa yekhayekha silingakhalepo, ndipo olemba ambiri amagwa pamenepa. Dzifunseni kuti wopanga shuga pa dziko lanu ndani.

Njira zilipo zingapo, zonse zochokera pa dziko lathu lomweli. Mitundu pafupifupi 90 mwa 100 iliyonse ya zomera imakhala paubale ndi bowa m'mizu yake: chomera chimapereka shuga, bowa amapereka madzi ndi mchere wa m'nthaka monga fosifolasi. Palinso ndere za pamiyala, zimene ndi bowa wosunga tizomera tating'onoting'ono m'thupi mwake ngati mlimi wonyamula munda wake. Ndere zoterezi n'zolimba moti mu 2005 zinatumizidwa mumlengalenga, n'kukhala kunja kopanda mpweya pafupifupi milungu iwiri, n'kubwerako zamoyo. Njira yachitatu ndi yodabwitsa. Ngozi ya pa malo opangira magetsi a nyukiliya ku Chernobyl itachitika mu 1986, n'kumwaza cheza choopsa, patapita zaka zochepa anapeza nkhungu yakuda ikumera pa makoma a malo ophulikawo. Mu 2007 Ekaterina Dadachova ndi anzake anasonyeza kuti nkhungu zina zokhala ndi melanin, chinthu chimene chimadetsanso khungu la munthu, zimakula msanga zikamawombedwa ndi cheza choopsa chotere.

Ine ndinasankha ndere, ndipo melanin ndinamusunga kuti akhale chishango. Chifukwa chake ndi nyenyezi imene ndinaipatsa Chisisira. Ndinatengera TRAPPIST-1, kanyenyezi kofiira kozizirirapo kamene kali pa mtunda umene kuwala kumayenda zaka pafupifupi 40. Mu 2017 analengeza kuti kali ndi mapulaneti 7, ndipo onse ali pafupi kwambiri moti loyandikira limazungulira m'tsiku limodzi ndi theka, lakutali m'masiku osakwana 19. Pulaneti loyandikira chonchi nthawi zambiri limaonetsa nkhope imodzi yokha ku nyenyezi yake, monga umachitira mwezi ku dziko lathu. Mbali ina ndi masana osatha, ina ndi usiku wosatha, ndipo pakati pali lamba wa chisisira. Mmenemo, mosatentha ndi mosauma, ndimo mmene ndinaika Aluki. Nyenyezi zofiira zimakonda kulavula moto mwadzidzidzi, ndiye mbali iliyonse ya Mluki yoonekera pamtunda ndi yakuda bii.

Tsopano onani mphatso imene pulanetili linandipatsa ndisanaipemphe. Pa dziko lotere mpweya wotentha umakwera kumbali ya masana, n'kuyenda m'mwamba kupita ku usiku, kenako wozizira umabwerera cha pansi. Ndiye m'lamba wa chisisira mphepo ya pansi imawomba mbali imodzi mpaka kalekale, kuchokera kumdima kupita kowala. Fungo limatsata mphepo. Timbewu timatsata mphepo. Mluki wokhala kufupi ndi mdima angalankhule kwa onse a kunsi kwa mphepo, koma iwo sangamuyankhe pa njira yomweyo. Ana ake onse amakagwera kowala, ndipo sabwerako. Ndale zonse za Chisisira zinatuluka mu mphepo imeneyi: akumdima ndi olamula amene sanamvepo yankho, akowala ndi omvera amene amadziwa zambiri koma alibe womuuza. Atafuna kuyankha anayamba kumera nsanja zazitali kuti fungo lawo likwere ndi mpweya wotentha. Nsanjazo sindinazipeke ndekha. Zaka pafupifupi 400 miliyoni zapitazo, mitengo isanatalike, pa dziko lathu panali Prototaxites, zipilala zofika mamita 8, zimene asayansi ambiri akhala akuziyesa bowa.

Werengani liwiro la ganizo

Pano ndi pamene ndikupemphani mukhale pansi ndi pensulo, chifukwa nambala imodzi imeneyi idzalamulira buku lanu lonse.

Uthenga wa m'mitsempha ya munthu umatha kuthamanga mamita oposa 100 pa sekondi. Bowa nayenso ali ndi timphamvu ta magetsi toyenda mu ulusi wake, koma timakwawa. Mu 2022 Andrew Adamatzky wa ku Bristol anabaya timawaya m'mitundu inayi ya bowa n'kupeza kuti timphamvuti timabwera m'magulumagulu, ndipo anawerenga magulu osiyana ofika 50 n'kuwayerekeza ndi mawu. Asayansi ena ambiri sanavomereze kuti chimenecho n'chilankhulo, ndipo inenso sindikhulupirira kuti bowa wa pa dziko lathu amalankhula. Koma waya ulipo, ndipo wolemba nkhani zimenezo zamukwanira.

Kuti chinthu chopanda ubongo chingathe kusankha mwanzeru, umboni ulipo. Mu 2000 Toshiyuki Nakagaki anaika Physarum polycephalum, chamoyo chonanda chachikasu chofanana ndi nkhungu, m'njira zokhotakhota zokhala ndi chakudya kumapeto kuwiri, ndipo chinapeza njira yachidule. Mu 2010 gulu lake linaika tizakudya molingana ndi mmene mizinda yozungulira Tokyo inakhalira, ndipo chinaluka ukonde wofanana kwambiri ndi njanji za kumeneko. Physarum si bowa weniweni, musamusokoneze, koma thupi lake ndi ukonde. Pa bowa weniweni, Lynne Boddy wa ku Cardiff ndi anzake analola ulusi kukula kuchokera pa kathabwa kamodzi mpaka kupeza kena, kenako anadula ulusi wonse n'kusamutsira kathabwa koyambako pa dothi latsopano. Ulusi unameranso kwambiri kumbali imene kunali chakudya chija. Unakumbukira.

Ine ndinasankha kuti ganizo la Mluki liziyenda milimita imodzi pa sekondi. Kilomita imodzi ndi mamilimita 1,000,000, ndiye ndi masekondi 1,000,000, amene ndi masiku 11 ndi theka. Mluki wamkulu wa m'nkhani yanga ndi wa makilomita atatu. Moto ukayaka kumalire ake akum'mawa, mbali yakumadzulo imamva patatha masiku pafupifupi 35. Tsiku limene ndinawerengera zimenezi ndinakhala duu kwa nthawi yaitali, chifukwa ndinazindikira kuti chamoyo choterechi sichingakhale ndi "ine" mmodzi monga tilili ife. Malire aliwonse ayenera kusankha okha pa zinthu zachangu, ndipo thupi lonse limamva pambuyo pake zimene lachita kale. Mluki amadzuka n'kupeza kuti anayambitsa nkhondo mwezi watha. Amakhoza kudziimba mlandu, amakhoza kudzikhululukira, ndipo pa zinthu zazikulu amadikira chaka kuti mbali zake zonse zigwirizane. M'chilankhulo chawo ndinaikamo mawu atatu a "ine": ine wa pano, ine amene ndamumva kale, ndi ine amene uthenga wake sunafike.

Sankhani liwiro lanu. Mukalikweza, Aluki anu adzayandikira anthu. Mukalitsitsa, adzayandikira mapiri. Koma mukasankha, musadzalisinthe pakati pa nkhani chifukwa choti mwafuna kuti wina ayankhe msanga. Wowerenga amamva chinyengo chotere ngakhale sanawerengere.

Malire, ukwati ndi imfa

Tsiku lina ndinawaza chikuni chowola n'kupeza m'kati mwake mizere yakuda yopyapyala, yokhotakhota ngati wina wajambula mapu ndi inki. Mizere imeneyo ndi malinga. Bowa awiri osiyana akakumana mu mtengo umodzi, aliyense amamanga khoma la melanin kuti mnzake asadutse. Koma ulusi wa bowa mmodzi ukakumana ndi unzake wa thupi lomwelo, umalumikizana n'kukhala chinthu chimodzi, zam'kati n'kumayenda uku ndi uku. Chikunicho chili pa tebulo langa mpaka lero, ndipo mapu a mayiko a Aluki ndinawajambula pochiyang'ana.

Ndiye kwa Aluki funso lalikulu pa moyo ndi lakuti: ndilumikizane naye kapena ndimange khoma? Kulumikizana ndiko kucheza kozama, ndiko ukwati, ndiponso ndiko kugonjetsedwa, chifukwa wamkulu angameze wamng'ono pamodzi ndi zonse zimene amakumbukira. Za amuna ndi akazi iwalani. Bowa wotchedwa Schizophyllum commune ali ndi mitundu yoposa 23,000 ya kakweredwe, moti pafupifupi aliyense amene si m'bale wake wapafupi angabereke naye.

Imfa ndiyo inandigwira mtima koposa. Munaonapo bowa womera mozungulira ngati mphete pa udzu? Zimachitika chifukwa ulusi umakula cha kunja, pakati chakudya chikatha n'kufa. Mluki naye amakula kumalire, amafa pakati. Koma zokumbukira zake zakale kwambiri zili pakatipo. Kuti asaiwale ubwana wake ayenera kumatumiza chakudya ku ulusi wokalamba umene subweretsa kanthu. M'zaka zabwino amatero mosavuta. Njala ikagwa, amayenera kusankha zoti adye mwa zimene amakumbukira. Mutu umene ndimaukonda kwambiri m'buku langa ndi wa Mluki wokalamba amene akuyendera zokumbukira zake chimodzichimodzi, monga munthu oyendera zipinda za nyumba imene akuisiya, n'kusankha kusungunula nyimbo ya amene anamubereka kuti ana a kumalire apeze mphamvu zowolokera thanthwe. Akamaliza sadziwanso kuti panali nyimbo. Amangopeza malo opanda kanthu a kukula kwake, ndipo amadziwa kuti anali a chinthu chimene ankachikonda. Mfumu ya zipewa ija sikanandipatsa mutu umenewu.

Mukamudula pakati Mluki, mumapeza awiri, aliyense akukumbukira theka. Ganizirani nokha za milandu imene ingabuke pamenepo.

Manja

Alibe manja, ndipo moto ndi mdani wawo, ndiye zitsulo ndi makina musawapatse. Luso lawo ndi mankhwala. Nkhungu imene inagwera m'mbale yofufuzira ya wasayansi Alexander Fleming mu 1928 inali ikupanga penisilini kuti iphe mabakiteriya opikisana nayo, ndipo chamoyo choganiza chimene chakhala chikusakaniza mankhwala kwa zaka mamiliyoni chingatiposeretu pa zimenezi. Mphamvu alinazo: bowa wofewa amatha kutukula phula la pamsewu ndi madzi okhaokha opopedwa m'maselo.

Akafuna kunyamula kanthu amabwereka thupi la wina. Pa dziko lathu bowa wotchedwa Ophiocordyceps amalowa mu nyerere, n'kuichititsa kukwera chomera ndi kuluma tsamba mpaka kufera pomwepo, kuti iye amere pamalo abwino ofalitsira timbewu. Ofufuza atayang'anitsitsa anapeza kuti bowayu amazinga minofu ya nyerere koma ubongo saulowa. Aluki anga ali ndi tinyama ta miyendo isanu ndi umodzi timene amatiyendetsa chimodzimodzi, ndipo mkangano wawo waukulu wa chikhulupiriro ndi woti kodi tinyamato timamva kuwawa. Akumdima amati ayi. Akowala, amene akudziwa kukoma kwa kulamulidwa popanda kuyankha, amati inde. Ngati simukufuna nkhanza zotere, chiswe china chimalima bowa m'chulu, ndipo mungatembenuze ubalewo kuti mlimi asadziwe kuti wolimidwa ndi iyeyo.

Munthu akafika

Nkhani zambiri zimafuna mlendo wochokera kwathu, chifukwa wowerenga amafuna maso oonera. Samalani zinthu ziwiri. Choyamba, mlendoyo sadzadziwa kuti wafika pa dziko la eni. Adzaona chigwa chakuda, nsanja zopanda zitseko, nkhungu ndi mphepo yosaleka. Adzayenda pamwamba pa munthu wamkulu wa dzikolo kwa milungu osadziwa. Lolani kuti azindikire mochedwa, kudzera mu kanthu kakang'ono. Wanga amazindikira ataona kuti tibowa towala, monga bowa wina wa m'nkhalango zathu amawalira usiku, tamera motsatira ndendende mapazi amene anaponda masiku 20 apitawo, kuphatikizapo pamene anabwerera kukatola chimene anagwetsa.

Chachiwiri ndi kucheza. Musalembe mafunso ndi mayankho otsatizana ngati anthu awiri ali pakhonde. Kwa Mluki, munthu ndi kanthu kothwanima kamene kamabwera n'kuzimiririka ganizo limodzi lisanathe. Ine ndinalemba macheza awo ngati makalata. Mlendo amathira madzi a shuga pa dothi mwa dongosolo linalake, n'kudikira. Malire apafupi amayankha m'maola ochepa, koma yankho limenelo ndi la ine wa pano yekha, ndipo patatha miyezi iwiri limabwera lina lochokera ku thupi lonse, lotsutsa loyamba lija. M'chaka chathunthu amalandira ziganizo zisanu zimene Mluki yense wavomereza. Ziganizo zisanu zimenezo ndinazilemba ndi kuzifufuta kwa miyezi inayi, chifukwa chilichonse chiyenera kulemera ngati mutu wathunthu.

Pofotokoza zimene Mluki akumva, chotsani mawu onse a maso. Asaone, asayang'ane, zisamuonekere. Alawe, anunkhize, amve kulemera, chinyezi ndi kunjenjemera kwa nthaka. Kwa iye mlendo uja ndi mchere wa thukuta ndi kugunda kuwiri kobwerezabwereza. Ndikamaliza mutu ndimafufuza pa kompyuta mawu akuti "ona" ndi "maso", ndipo nthawi zonse ndimapeza angapo atazemba n'kulowa.

Kenako yesani tsamba lililonse ndi muyeso wa mnzanga uja. Chotsani dzina la Mluki, muikepo la munthu, muwerengenso. Ngati tsambalo likumvekabe bwinobwino, bwererani ku botolo mukaonenso mmene ulusi umachitira, n'kulilembanso. Botolo langa ndinalitsukanso sabata yatha n'kuikamo katoni watsopano ndi tizidutswa tiwiri ta mitengo yosiyana, kamodzi mbali iyi, kena mbali inayo, chifukwa mutu umene ndikulemba panopa ndi wa Aluki awiri amene akukumana koyamba, ndipo ndikufuna kuona ndi maso anga tsiku limene mzere wakuda uyambe kuoneka pakati pawo.